Malawi ili chigawo chiti cha Africa? Mmene olemba mbiri amadulira malire

Aliyense amene anayendapo pa msewu wa M1 kuchoka ku Dedza kulowera ku Ntcheu amapadziwa pa Lizulu. Basi ikangoima, mazenera amadzaza ndi mabeseni a mbatata ya kachewere, kabichi, anyezi ndi tomato. Chimene ena pa ulendowo sazindikira n'chakuti m'malo ambiri a dera limeneli msewu womwewo ndiwo malire a dziko. Kum'mawa kwa phula ndi Malawi, kumadzulo kwake ndi Mozambique, chigawo cha Tete. Mayi akhoza kukumba mbatata m'dziko lina, n'kuoloka msewu beseni lili pamutu, n'kuigulitsa m'dziko lina, madzulo n'kukagona kwa mchemwali wake tsidya limene anachokera. Chilankhulo ndi chimodzi, maliro amalira limodzi, ndipo mfunda wa Phiri, Banda kapena Maseko umapezeka mbali zonse. Munthu wofuna kulemba mbiri ya anthu amenewa aziyambira pati, nanga azilekezera pati? Akaima pa phula, wadula mudzi pakati.

Funso limeneli limaoneka laling'ono, koma ndi limodzi mwa mafunso amene amasowetsa tulo akatswiri a mbiri yakale ya Africa. Palibe amene angalembe za kontinenti yonse nthawi imodzi. Ayenera kuigawa, ndipo akangogawa wasankha kale anthu amene adzaoneke ngati abale ndi amene adzaoneke ngati alendo.

Tiyambe ndi dziko lathu lomwe. Kodi Malawi ili kuti? Kusukulu ambiri tinaphunzira kuti ili kum'mwera kwa Africa, ndipo n'zoona kuti ili m'bungwe la SADC, limene linayamba ngati SADCC ku Lusaka mu 1980. Bungwe la African Union nalonso limaiika m'chigawo cha kum'mwera. Koma ofesi ya ziwerengero ya United Nations imaika Malawi, Zambia, Zimbabwe ndi Mozambique m'chigawo cha kum'mawa, pamodzi ndi Kenya ndi Ethiopia. Okonda mpira akale amakumbukira kuti timu ya dziko lino inatenga chikho cha CECAFA, cha maiko a kum'mawa ndi pakati pa Africa, mu 1978, 1979 ndi 1988, pomwe lero imasewera mu COSAFA ya kum'mwera. Lamulungu m'mawa anthu miyandamiyanda amalowa m'matchalitchi a CCAP, ndipo zilembo ziwiri za pakatizo zimatanthauza pakati pa Africa. Dziko silinasunthe ngakhale phazi limodzi. Amene anasintha ndi anthu oligawa, aliyense ndi cholinga chake.

Dzina lakuti pakati pa Africa lili ndi mbiri yakeyake. Angelezi atalengeza mu 1891 kuti dera lino lili m'manja mwawo, mu 1893 analitcha British Central Africa, ndipo dzinali linakhala mpaka 1907 pamene linasanduka Nyasaland. Mipingo ya Livingstonia ndi Blantyre itagwirizana mu 1924 inatenga dzina la chigawo lomwelo, Nkhoma n'kudzalowa mu 1926. Kenako kunabwera chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, kuyambira 1953 mpaka 1963, chimene Angelezi ankachitchulanso kuti chitaganya cha pakati pa Africa. Choncho mabuku ambiri a mbiri olembedwa m'Chingelezi nthawi imeneyo akamati pakati pa Africa amatanthauza Malawi, Zambia ndi Zimbabwe basi. Koma munthu wophunzira m'Chifalansa akamva mawu omwewo amaganiza za Cameroon, Gabon, Chad ndi maiko awiri a Congo. Pakati pawiri pa kontinenti imodzi, pena pa Angelezi, pena pa Afalansa. Izi zokha zikuonetsa kuti magawo amene timawaona ngati achilengedwe anatsatira kwambiri ofesi ya bwanamkubwa kusiyana ndi phiri kapena mtsinje.

Malire aakulu koposa onse amene olemba mbiri anajambula pa Africa ndi chipululu cha Sahara. Katswiri wa ku Germany, Hegel, pophunzitsa m'zaka za m'ma 1820, anadula kontinentiyi patatu. Kumpoto anati n'kwa Ulaya, Egypt anamupatsa Asia, ndipo chotsalacho, kumene kuli anthu akuda, anati kulibe mbiri yoti n'kuikamba. Maganizo amenewa anazika mizu, moti mpaka lero mawu akuti kum'mwera kwa Sahara ali m'malipoti a mabanki ndi mabungwe pafupifupi onse. Koma mchenga uja sunali khoma. Kwa zaka zoposa 1,000 ngamila zinkaoloka chipululucho zitasenza mchere wa ku Taghaza ndi golide wa ku Ghana wakale ndi Mali kupita ku mizinda ngati Sijilmasa ku Morocco. Mansa Musa wa ku Mali anadzera ku Cairo mu 1324 pa ulendo wake wa ku Mecca. Mu 1591 asilikali a Morocco anaoloka chipululu n'kugonjetsa ufumu wa Songhai. Wolemba mbiri wodula pa Sahara amataya zonsezi. N'chifukwa chake UNESCO itayamba mu 1964 ntchito yolemba mbiri yonse ya Africa, imene poyamba inadzatuluka m'mabuku 8, akatswiri a mu Africa monga Joseph Ki-Zerbo wa ku Burkina Faso ndi Bethwell Ogot wa ku Kenya anaumirira kuti kontinentiyi ionedwe yathunthu, Egypt ndi Algeria zili momwemo.

M'buku lachisanu la ntchito imeneyi muli mutu umene unalembedwa ndi Kings Phiri ndi Owen Kalinga a ku Malawi pamodzi ndi H. H. K. Bhila wa ku Zimbabwe. Sanautche mbiri ya Malawi ayi. Anautcha dera la kumpoto kwa Zambezi ndi nyanja ya Malawi. Ine ndimaona kuti m'dzina limenelo muli phunziro lonse la nkhaniyi. Anthuwa ankalemba za zaka za pakati pa 1500 ndi 1800, nthawi imene kunalibe Malawi, Zambia kapena Mozambique monga tikuwadziwira lero. Anafunsa kaye kuti, anthu a nthawiyo ankayenda kuti, ankapereka mtulo kwa yani, ankakwatira kuti, ankagula mchere ndi makasu kwa yani? Mayankho ake ndiwo anawapatsa dera.

Taonani ufumu wa Amaravi. Likulu la Kalonga linali ku Mankhamba, pafupi ndi Mtakataka m'boma la Dedza. Undi anapatuka n'kukakhazikika ku Mano, dera limene lero lili m'chigawo cha Tete ku Mozambique, ndipo ulamuliro wake unafika mpaka kum'mawa kwa Zambia. Lundu analamulira Amang'anja m'chigwa cha Shire, mphamvu zake n'kumamveka mpaka cha kugombe la Mozambique. Mpaka pano ku Tete kuli boma lotchedwa Maravia. Mu 1616 Mpwitikizi wina, Gaspar Bocarro, anayenda wapansi kuchoka ku Tete kudzera kwa Muzura, mfumu yamphamvu ya Amaravi, mpaka kukafika ku Kilwa, ku Tanzania wa lero. Yusuf Juwayeyi, katswiri wofukula zakale, atakumba ku Mankhamba anapeza mikanda yagalasi, mkuwa, minyanga ya njovu ndiponso zidutswa za mbale zadothi zochokera ku China. Mbale ya ku China m'nthaka ya ku Dedza ikutiuza kuti dera la Amaravi, pa nkhani ya malonda, linkathera kutsidya kwa nyanja yamchere ya Indian Ocean.

Apa m'pamene pamavuta kujambula mapu. Mabuku a kusukulu amaonetsa ufumu wa Amaravi ngati chibanthu chopakidwa utoto umodzi, chokhala ndi mzere wakuthwa m'mphepete. Koma maufumu amenewa sankayenda choncho. Si kuti makolo athu sankadziwa malire. Munthu wa kumudzi amadziwa bwino kuti munda wake umathera pa chulu chija, pa mzere wa nkhadze kapena pa khwawa, ndipo mafumu ankadziwa mtsinje umene unalekanitsa dziko lawo ndi la anzawo. Kusiyana kwake n'kwakuti mphamvu ya mfumu yaikulu inkayezedwa ndi anthu amene akuigonjera, osati kukula kwa nthaka. Mlenje akapha njovu, nyanga yogwera pansi inali ya mwini dziko. Chikopa cha mkango kapena cha kambuku chinkapita kwa mfumu. Kumene mtulo umenewu unkafika mokhulupirika, kumeneko ufumu unali wamoyo. Kutali ndi likulu unkazilala pang'onopang'ono ngati kutentha kwa moto, mpaka kufika pa midzi imene chaka chino ikupereka kwa Undi, chaka chamawa kwa wina, mwinanso kwa onse awiri. Nthaka inali yambiri, anthu ochepa, ndiye wokwiya ndi mfumu ankangosamuka ndi mbumba yake n'kukayamba mudzi patsogolo. Mzere wa inki sungaonetse zimenezi.

Ndiye olemba mbiri ambiri masiku ano amalola kuti funso lawo ndilo liwapatse malire, ndipo funso likasintha, dera limasinthanso. Matthew Schoffeleers, wansembe amene anakhala zaka zambiri akufufuza m'chigwa cha Shire, anatsata kachisi wa Mbona ku Khulubvi m'boma la Nsanje. Dera la Mbona ndi kulikonse kumene anthu ankatumiza nsembe popempha mvula, ndipo linkaphatikiza Amang'anja, Asena ndi ena, mbali zonse za malire a lero mpaka ku Zambezi. Kachisi wa Makewana ku Msinja, m'mphepete mwa Dzalanyama, anali ndi dera lakenso, losiyana ndi la mafumu. Wotsata malonda a minyanga ndi akapolo, monga anachitira Edward Alpers, amapeza dera lina: Ayao oyenda ulendo wa miyezi kupita ku Kilwa ndi ku chilumba cha Mozambique, Abisa ochokera ku Zambia, Jumbe wa ku Nkhotakota ndi zombo zake zooloka nyanja, Mlozi ku Karonga. Kwa wolemba ameneyu Malawi ndi kum'mawa kwa Africa, ndipo Chiswahili, Chisilamu ndi mpunga wa ku Nkhotakota ndiwo mboni zake.

Wotsata Angoni amatembenukira kum'mwera. Zwangendaba ndi anthu ake anachoka kufupi ndi dziko la Azulu, anaoloka Zambezi mu November 1835 tsiku limene kadamsana anadetsa dzuwa, n'kukafika mpaka ku Ufipa, ku Tanzania. Atamwalira mtundu unagawikana: Mpezeni anakathera ku Chipata, M'mbelwa ku Mzimba, ena anatsala ku Tanzania. Angoni a Maseko anayenda njira yawoyawo n'kudzakhazikika ku Domwe, ku Angonia, ndi ku Ntcheu. Ulendo umodzi umenewu ukudutsa m'maiko osachepera asanu a lero. Ndiye pali mbiri imene ili m'nyumba zathu zenizeni, ya amuna opita ku Joni pa Wenela ndi Theba, mabungwe olemba anthu ntchito ya kumigodi, ya opita ku Halale ndi ku migodi ya mkuwa ku Zambia, ya machona amene sanabwerenso. Ndege itagwa ku Francistown ku Botswana mu 1974 n'kupha Amalawi oposa 70 ochokera ku migodi, Kamuzu analetsa Wenela kulemba anthu. Kwa wolemba mbiri ya ntchito ndi ndalama, Mzimba ndi Nkhata Bay zinali pafupi ndi Johannesburg kuposa ndi Dar es Salaam. Ndipo masauzande a anthu a ku Zimbabwe amene agogo awo anachokera ku Nyasaland, amene amavinabe gule m'mafamu ndi m'migodi, ali mkati mwa dera limeneli, ngakhale mabuku a mbiri a maiko onse awiri amawaiwala kawirikawiri.

Mapu a mitundu nawonso ali ndi msampha wawo. Mu 1959 George Murdock wa ku America anatulutsa mapu ogawa Africa m'mitundu yoposa 800, uliwonse m'kabokosi kake. Akatswiri a chuma amawagwiritsabe ntchito. Koma maina ambiri amene azungu anawalemba ngati mitundu anali maina a malo chabe. Anyanja ndi anthu a kunyanja, Achipeta ndi a m'chipeta, kumene udzu ndi wautali. Anthu omwewo, chilankhulo chomwecho, mafuko omwewo. Munthu wa kale akafunsidwa kuti ndiwe yani, ankatchula mfunda wake ndi mfumu yake. Kalembera wa atsamunda, sukulu za amishoni ndi ndale za pambuyo pake ndizo zinalimbitsa mizere imene kale inali yofewa.

Nanga malire a lerowa anachokera kuti? Ambiri amati anajambulidwa ku Berlin, pa msonkhano wa 1884 mpaka 1885. Msonkhanowo unaika malamulo a kalandidwe ka maiko, koma mizere yeniyeni inabwera ndi mapangano a maiko awiriawiri pambuyo pake. Kwa ife ofunika ndi awiri: la Britain ndi Germany mu 1890, ndi la Britain ndi Portugal mu 1891. Kumadzulo anatsata zitunda pamene madzi amagawikana, ena kutsikira ku nyanja ya Malawi ndi Shire, ena ku Luangwa ndi Zambezi. Pa pepala njira imeneyi imaoneka yanzeru. Pansi, zitunda zimenezo ndi malo a nthaka yabwino kumene anthu anamanga midzi yambiri, ndipo njira zoyendamo zinkatsata pamwamba pomwepo. N'chifukwa chake msewu wa ku Lizulu unasanduka malire. Achewa anapezeka m'maiko atatu, Angoni a Maseko m'maiko awiri, chimodzimodzinso Ayao, Alomwe, Asena, Atumbuka ndi Angonde. Atsogoleri a Africa atakumana ku Cairo mu 1964 anagwirizana kusunga malirewo mmene anawapezera, poopa nkhondo zosatha.

Chimene chimandipweteka ine n'chakuti malirewo sanangodula midzi. Anadulanso zikalata ndi anthu oziwerenga. Za Nyasaland zili ku Zomba ndi ku London, m'Chingelezi. Za Tete ndi Angonia zili ku Maputo ndi ku Lisbon, m'Chipwitikizi. Za Chipata ndi Katete zili ku Lusaka. Wophunzira wa ku Malawi wofuna kulemba za Undi kapena Muzura amafunika Chipwitikizi, pasipoti ndi ndalama za ulendo, zinthu zimene ambiri alibe. Mapeto ake amalemba za mbali imene akuikwanitsa, ndipo buku likatuluka owerenga amayesa kuti nkhani inathera pa Mchinji kapena pa Mwanza. Maiko atalandira ufulu, lililonse linafunanso mbiri yakeyake yoti ana aziinyadira, ndiye zakale zinakankhidwira m'malire atsopano. Samuel Josia Ntara polemba Mbiri ya Achewa m'zaka za m'ma 1940 anatsata zimene akuluakulu anamuuza, ndipo nkhani zawo zinkayambira ku Uluba, ku Congo, n'kumayenda osafunsa chilolezo kwa wina aliyense. Mwana wa sukulu lero amaloweza dzina la Kalonga koma mwina sadziwa kuti mwana mnzake ku Katete ku Zambia kapena ku Ulongwe wa ku Mozambique akuphunzira za makolo omwewo m'buku la dziko lina.

Komabe ndinganame nditati malire a atsamunda ndi mizere yopanda pake. Akhala zaka zoposa 130, ndipo nawonso apanga mbiri. Alomwe ambiri anaoloka kulowa ku Mulanje ndi Thyolo kuyambira cha m'ma 1900 pothawa nkhanza ndi ntchito yokakamiza ya Apwitikizi, n'kudzagwera m'thangata wa m'minda ya azungu. Chimene chinawasunthitsa ndi malire omwewo, chifukwa tsidya lino kunali lamulo lina. Pa nkhondo ya pachiweniweni ya ku Mozambique, imene inatha mu 1992, anthu pafupifupi 1 miliyoni anathawira ku Malawi. Ambiri ku Dedza, Ntcheu ndi Nsanje anafikira kwa abale, pakuti chibale ndi fupa, sichiola, koma chimene chinawapulumutsa n'chakuti kuoloka msewu kunali kulowa m'dziko lopanda nkhondo. Chilankhulo chimodzi chinatchedwa Chichewa ku Malawi mu 1968, pomwe ku Zambia ndi ku Mozambique chikadali Chinyanja, ndipo lero wa ku Lusaka, wa ku Tete ndi wa ku Lilongwe amamvana koma aliyense ali ndi mawu ake obwereka. Wolemba za 1650 akagwiritsa ntchito malire a lero walakwa. Wolemba za 1985 akawanyalanyaza walakwanso.

Madzi saiwala khwawa. Chaka chilichonse kumapeto kwa August mafumu a Achewa a ku Malawi, Mozambique ndi Zambia amasonkhana ku Mkaika m'boma la Katete kukalamba kwa Kalonga Gawa Undi, amene ufumu wake unasamukira ku Zambia kuchoka ku Mozambique m'zaka za m'ma 1930. UNESCO italemekeza Gule Wamkulu mu 2005, inamulemba pansi pa maiko atatu onsewo. Pa tsiku la Kulamba dera lakale limaonekanso ndi maso, malole ndi mabasi atandandalika pa chipata cha Mchinji, anthu atanyamula mphatso za mfumu kudzanja lina, mapepala a boma kudzanja linalo.

Pa nyanja ndi pamene nkhani ya mabuku imakhala nkhani ya nsomba, mafuta ndi asilikali. Pangano la 1890 linaika malire a Nyasaland ndi dziko la Ajeremani, limene lero ndi Tanzania, m'mphepete mwa gombe la kum'mawa, ndipo Malawi imagwira pamenepo ponena kuti madzi onse a kumpoto ndi ake. Tanzania imati malire ayenera kudutsa pakati pa madzi, ndipo imaonetsa mapu ena a nthawi ya atsamunda amene anajambula choncho. Mbali ya Mozambique inakonzedwa mu 1954, mzere n'kuikidwa pakati, koma Likoma ndi Chizumulu, kumene amishoni a Anglican anakhazikika kalekale, zinatsala za Malawi mkati mwa madzi a Mozambique. Mkangano ndi Tanzania unabukanso mu 2012 boma la Malawi litapereka chilolezo chofufuza mafuta, ndipo Joaquim Chissano, mtsogoleri wakale wa Mozambique, anatsogolera zokambirana zimene sizinafike pa mgwirizano. Maboma onse awiri amathamangira kwa olemba mbiri kufuna zikalata. Asodzi a ku Nkhata Bay, ku Mbamba Bay ku Tanzania ndi ku Metangula ku Mozambique amaponya makoka m'madzi amodzi, kutsata usipa womwewo ndi mwera womwewo. Wofuna kulemba mbiri yawo amayamba wasankha dzina la madziwo, pakuti kuno timati nyanja ya Malawi, ku Tanzania amati Nyasa, ku Mozambique amati Niassa, ndipo liwu lakuti nyasa m'Chiyao limangotanthauza nyanja.